Cheke Chikabwezedwa ndi Banki: Zoyenera Kuchita Kuti Ngongole Yanu Imveke Kukhoti

Kuno ku chigwa cha Shire malonda ambiri a ndalama zochuluka amayenda pa kukhulupirirana. Wogula ng'ombe ku Ngabu amakweza ziweto m'lole lero n'kulonjeza kulipira akakazigulitsa ku Blantyre, wogula chitowe kapena thonje amanyamula matumba kwa alimi iye asanalandire ndalama kwa amene anamutuma, ndipo mmisiri womanga kapena mwini galimoto amene wagwira ntchito ku Nchalo amadikira malipiro ake mwezi wathunthu. Ngakhale kuti Airtel Money, TNM Mpamba ndi kutumizirana ndalama pa akaunti zachepetsa ntchito ya macheke, cheke chakhala chikugwiritsidwa ntchito pa malonda otere, makamaka chija cholembedwa tsiku lam'tsogolo chimene munthu amasiya ngati chikole. Banki ikachikana, mwini ndalama amaganiza kuti pepalalo palokha lam'pambanitsa kale mlandu. Zoona zake n'zakuti cheke chobwezedwa ndi umboni wamphamvu ndithu, koma chimene khoti limafuna kuona ndi ngongole yeniyeni: inayamba bwanji, ndi ya ndalama zingati, ali nayo ndani, ndipo kodi malamulo amalola kuti ilipidwe. Malangizo awa akutsata ndondomeko imeneyo kuyambira pa tsiku limene banki yakana.

Musachoke ku banki ndi mawu apakamwa okha

Pemphani kuti akubwezereni chekecho, kapena chithunzi chake chokhala ndi chidindo cha banki, pamodzi ndi chikalata chonena tsiku limene chakanidwa ndi chifukwa chake. Chifukwacho amachilemba m'Chingerezi, ndipo muyenera kuchimvetsa popeza zochita zanu zonse zitengera pamenepo. Akalemba kuti "insufficient funds" kapena "refer to drawer", kawirikawiri ndiye kuti mu akaunti mulibe ndalama zokwanira. Akalemba kuti "payment stopped", mwini cheke ndi amene walamula banki kuti isalipire, ndipo muyembekezere kuti ali ndi dandaulo limene adzabwere nalo. Akalemba kuti "account closed", akauntiyo inatsekedwa, ndipo n'kofunika kudziwa ngati inatsekedwa iye asanakupatseni chekecho kapena atakupatsani kale.

Pali zifukwa zina zimene sizisonyeza kusowa kwa ndalama: siginecha yosafanana ndi imene ili ku banki, ndalama zolembedwa m'mawu zosagwirizana ndi za m'manambala, cheke choperekedwa tsiku lake lisanakwane, kapena chimene mwachisunga kupitirira miyezi 6, nthawi imene mabanki amachitenga kuti chatha mphamvu. Zoterezi zimakonzeka pongopempha cheke china. Musayese kukonza nokha chilembo kapena nambala ngakhale imodzi, chifukwa kusintha cheke popanda chilolezo cha mwini wake kumachiphera mphamvu ndipo kungakubweretsereni mlandu wachinyengo inuyo. Tengani komanso sitetimenti ya akaunti yanu yosonyeza kuti ndalamazo sizinalowe kapena zinachotsedwamonso.

Mudziwitseni mwini cheke msanga, ndipo mulembe

Lamulo loyendetsa macheke m'Malawi ndi Bills of Exchange Act, ndipo limafuna kuti amene analemba cheke, komanso aliyense amene anachisainira kuseri pochipereka kwa inu, adziwitsidwe m'nthawi yake kuti chakanidwa. Nthawi imeneyi ndi yochepa: ngati muli m'dera limodzi uthengawo umufike pofika tsiku lotsatira, ndipo ngati ali kutali muutumize pofika tsiku lotsatiralo. Lamulo lomwelo limavomereza kuti wolemba cheke amene analibe ndalama mu akaunti, kapena amene anaimitsa yekha malipiro, sangathawire ku mfundo yoti sanauzidwe. Komabe si nzeru kudalira mpata umenewu, makamaka ngati chekecho chinadzera m'manja mwa munthu wina chisanafike kwa inu, chifukwa amene anasainira kuseriyo amamasuka mukapanda kum'dziwitsa. Muimbireni foni ngati mukufuna, koma tsiku lomwelo tumizaninso uthenga wolembedwa wotchula nambala ya cheke, dzina la banki, ndalama zake, tsiku limene chakanidwa ndi chifukwa chimene banki yapereka.

Sonkhanitsani umboni wa ngongole imene inabala chekecho

Apa ndi pamene milandu yambiri imapambanira kapena kugwera, choncho m'pofunika kufatsapo. Munthu akakulipirani ndi cheke, ngongole yake imakhala itangoimitsidwa kaye podikira kuti banki ilipire. Banki ikakana, ngongole yoyamba ija imadzukanso. Zikatero mumakhala ndi njira ziwiri zom'sumira: pa chekecho, ndiponso pa malonda kapena ngongole imene chekecho chimalipira. Njira ya cheke ili ndi ubwino waukulu, chifukwa lamulo limayamba ndi kukhulupirira kuti munthu amene anasaina cheke analandirapo kanthu, ndipo ndi iyeyo amene ayenera kusonyeza kuti sizinali choncho. Kungodandaula kuti ng'ombe zina zinali zowonda kapena kuti msika unagwa ku Blantyre kawirikawiri sikukwanira kum'masula.

Koma chikhulupiriro cha lamulochi chikhoza kugwetsedwa. Wosumiridwa akhoza kunena kuti katunduyo sanalandire n'komwe, kuti chekecho anachisaina moopsezedwa kapena monyengedwa, kuti siginecha si yake, kuti analipira kale pa foni kapena pamanja, kapenanso kuti mgwirizanowo unali wa zinthu zoletsedwa ndi malamulo. Akangobweretsa umboni womveka pa chimodzi mwa zimenezi, woweruza amatembenukira kwa inu kuti musonyeze kumene ngongoleyo inachokera, ndipo amene wabwera ndi cheke chokha amasowa chonena.

Choncho yalani zonse motsata masiku. Ngati munagulitsa ng'ombe kapena mbuzi, pezani chikalata cha malondawo, chilolezo choyendetsera ziweto chimene chinatengedwa kwa alangizi a ziweto, nambala ya lole imene inanyamula, ndi mayina a anthu amene analipo pokweza. Ngati zinali mbewu, pezani timapepala ta pa sikelo, buku lolembamo matumba ndi siginecha ya amene analandira. Ngati inali ntchito, pezani oda, invoisi ndi chikalata chosonyeza kuti ntchitoyo inalandiridwa. Ngati munabwereketsa ndalama, sonyezani mmene zinachokera m'manja mwanu: sitetimenti ya banki, mauthenga a Airtel Money kapena Mpamba, kapena mboni imene inaona mukuwerenga. Mauthenga a pa foni ndi a pa WhatsApp musawapepuse, popeza lamulo la Electronic Transactions and Cyber Security Act la 2016 limazindikira zolembedwa za pa makina ngati umboni. Musafufute kanthu m'foniyo ngakhale mauthenga amene akuoneka ngati sakukukomerani, chifukwa nkhani yodulidwadulidwa imakayikitsa, ndipo khoti likhoza kufuna kuona foni yeniyeniyo osati zithunzi zokha.

Kasungidwe ka mapepala kuno kwathu si nkhani yaing'ono. Malisiti a pa makina a ku banki ndi a m'masitolo amafufutika okha ndi kutentha kwa mwezi wa Okutobala ndi Novembala, ndipo amene anaona madzi osefukira a namondwe wa Ana mu 2022 ndi wa Freddy mu 2023 akudziwa mmene mabuku a malonda anathera m'nyumba za ku Chikwawa ndi ku Nsanje. Jambulani chikalata chilichonse tsiku lomwe mwachilandira, tumizani zithunzizo kwa wachibale wodalirika amene ali kwina, chititsani fotokope, ndipo mapepala enieniwo muwamange m'pulasitiki n'kuwaika pamalo okwera. Cheke chenichenicho musachipereke kwa aliyense, ngakhale wangongoleyo atabwera mwaulemu kuti akachisinthe, kufikira ndalama zitalowa.

Mafunso atatu ofunika kudzifunsa musanapite patsogolo

Loyamba ndi lakuti wangongole wanu ndi ndani kwenikweni. Yang'anani dzina limene lasindikizidwa pa chekecho. Ngati ndi la kampani yolembetsedwa imene dzina lake limathera ndi Limited, ngongoleyo ndi ya kampaniyo, ndipo bwana amene anasaina m'malo mwa kampani sakhala ndi ngongoleyo payekha pokhapokha ngati analemba padera kuti akuikira chikole. Anthu ambiri amataya nthawi ndi ndalama posumira munthu pamene anayenera kusumira kampani. Ngati mwini cheke wamwalira, banki imasiya kulipira ikangomva za imfayo, ndipo dandaulo lanu limapita kwa amene akuyendetsa chuma cha masiye.

Lachiwiri ndi la katapila. Obwereketsa ena amatenga cheke chongosainidwa chopanda ndalama kapena tsiku, kenako n'kulembapo okha ngongole itachedwa. Lamulo limalola kuti wolandira cheke chotere adzaze mosiyidwamo, koma adzaze motsata zimene anagwirizana basi, ndiponso m'nthawi yoyenera. Tiyerekeze kuti munabwereketsa K800,000 koma pa cheke mwalembapo K2,400,000 poika chiwongoladzanja chimene simunalemberane. Pamenepo mwam'patsa wangongoleyo chida chogwetsera mlandu wonse. Komanso lamulo la Loans Recovery Act limapatsa khoti mphamvu younikanso mgwirizano wa ngongole ndi kuchepetsa chiwongoladzanja chikaoneka kuti n'chopitirira muyeso ndiponso chofinya munthu. Ine maganizo anga ndi akuti wobwereketsa amene asumira ndalama zimene anaperekadi, ndi chiwongoladzanja chimene angachifotokoze popanda manyazi pamaso pa woweruza, amatuluka ndi zambiri kuposa amene amakweza nambala poganiza kuti akatsitsane kukhoti.

Lachitatu ndi la nthawi. Malinga ndi Limitation Act, mlandu wochokera pa mgwirizano uyenera kuyambitsidwa pasanathe zaka 6 kuchokera pamene ufulu wosuma unayamba. Zaka zimenezi zimaoneka zambiri, koma ngongole za pachibale ndi za anthu opemphera limodzi zimakalamba mwakachetechete aliyense akuopa kuoneka wouma mtima. Wangongole akavomereza ngongoleyo m'kalata imene wasaina, kapena akalipirako pang'ono, nthawiyo imayambanso kuwerengedwa kuchokera pa tsiku limenelo.

Kalata yofunsa ndalama ndi kukambirana

Tsopano lembani kalata yofunsa ndalama zanu. Ikhale yaifupi, yaulemu ndiponso yopanda mawu oopseza. Mawu onga awa ndi okwanira: "Bambo, ndikukudziwitsani kuti cheke chanu nambala yakuti, cha ndalama zakuti, chimene munandipatsa polipira ng'ombe zisanu zimene munatenga pa tsiku lakuti, banki yachikana. Ndikupempha kuti mulipire ndalamazi pasanathe masiku 14 kuchokera lero, ndipo zikapanda kutero nkhaniyi ndiitengera kukhoti." Sungani kope yake, ndipo amene walandira asaine ndi kulemba tsiku, kapena mupite ndi mboni imene idzanene kuti kalatayo inaperekedwa.

Nthawi zambiri kalata yotere imabweretsa munthu pa zokambirana, ndipo si kulakwa kukhala pansi pamaso pa a nyakwawa, atsogoleri a mpingo kapena akuluakulu a pamsika. Anthu amenewa amamudziwa wangongoleyo, amadziwa munda wake ndi khola lake, ndipo mawu awo amalemera. Chofunika n'chakuti zokambiranazo zisathere pa kugwirana chanza. Zilembedwe: kuti iye akuvomera ngongole ya ndalama zakuti, kuti azilipira zingati pa masiku ati, ndi kuti akaphonya kamodzi ndalama zonse zotsala zidzafunika nthawi imodzi. Asaine kapena adinde chala, mulembepo nambala ya chiphaso chake cha unzika, ndipo mboni ziwiri zisainenso. Pepala limeneli limatseka pakamwa pa zokana zambiri za m'tsogolo. Dziwani komabe kuti zimene zagamulidwa kwa mfumu sizipatsa a sherifu, amene amakwaniritsa zigamulo za khoti, mphamvu yolanda katundu. Mphamvu imeneyo imachokera kukhoti kokha. Akakupatsani cheke china m'malo mwa choyamba, musabweze choyambacho mpaka chachiwiri chitalipidwa.

Za kupolisi

Anthu ambiri amathamangira kupolisi poganiza kuti wangongole akagona m'chitokosi usiku umodzi abale ake asonkha ndalama. Malamulo oyendetsera dziko lino, pa gawo 19, amanena momveka kuti munthu asatsekeredwe m'ndende chifukwa cholephera kukwaniritsa zimene anagwirizana ndi mnzake, choncho ngongole payokha si mlandu waupandu. Umakhala waupandu pamene pali chinyengo. Gawo 319 la Penal Code, lamulo la milandu yaupandu, limakamba za kupeza katundu kapena ndalama mwa bodza, ndipo bodzalo liyenera kukhala lokhudza zinthu zimene zilipo kapena zimene zinachitika kale, limene wonenayo akudziwa kuti si zoona, ndiponso limene linakuchititsani inu kupereka katundu wanu. Munthu amene anatenga ng'ombe pokupatsani cheke cha akaunti imene ankadziwa kuti inatsekedwa kalekale, kapena cheke chobedwa, ameneyo ndi woyenera kukam'nenera kupolisi. Koma potengera gawo limeneli, amene anakupatsani cheke polipira ngongole yakale sanapeze katundu aliyense ndi chekecho, ndipo amene ankayembekezeradi malipiro a mbewu zake koma anachedwa, n'kovuta kusonyeza kuti anali ndi mtima wakuba.

Kumbukiraninso kuti pa mlandu waupandu boma liyenera kupereka umboni wosasiya chikayiko chilichonse chomveka, pamene pa mlandu wa ngongole inu mumangofunika kusonyeza kuti mbali yanu ndi imene ikuoneka yoona kuposa ya mnzanuyo. Ngakhale munthuyo atamangidwa, sikuti ndalama zanu zabwera. Pewaninso zinthu ziwiri zimene mkwiyo umatuma: kukatsekula khola lake n'kutenga ziweto kapena njinga yamoto nokha, zimene zingakupezetseni mlandu wakuba, ndi kum'chititsa manyazi pa Facebook kapena m'magulu a WhatsApp, zimene zingam'patse mpata wokusumirani kuti mwamuipitsira mbiri.

Kusuma

Masiku a m'kalata aja akatha opanda yankho, pitani kukhoti la majisitireti la m'dera limene wangongoleyo amakhala kapena kumene malondawo anachitikira, monga ku Chikwawa, ku Nchalo kapena ku Nsanje. Makhoti a majisitireti ali ndi malire a ndalama zimene angaweruze malinga ndi udindo wa woweruzayo, choncho muuzeni kalaliki wa khoti kuchuluka kwa ngongoleyo kuti akuuzeni ngati mlanduwo ungamvedwe pamenepo kapena uyenera kukwera mtunda kupita ku High Court ku Blantyre, kumene kulinso nthambi yoona milandu ya zamalonda. Pa ndalama zochepa munthu akhoza kudziimira yekha. Pa ndalama zambiri, kapena ngati wosumiridwayo ndi kampani, funani loya, ndipo ngati simungakwanitse kum'lipira kafunseni ku Legal Aid Bureau ngati mungathandizidwe.

Pofotokoza dandaulo lanu tchulani zonse ziwiri, chekecho ndi ngongole imene chimalipira, kuti njira imodzi ikatsekeka inayo ikhale yotsegula. Pemphani ndalama zimene zili pa cheke, chiwongoladzanja kuyambira tsiku limene munachipereka ku banki, ndi ndalama zimene mwawononga pa mlanduwo. Chilichonse chimene mwalipira kukhoti mulandirepo lisiti la boma. Onetsetsani kuti chisamani cham'fika wosumiridwayo m'njira imene malamulo amafuna ndipo pali umboni wakuti analandira, chifukwa chigamulo chopezedwa munthu asanadziwitsidwe bwino chimafafanizidwa mosavuta. Akapanda kuyankha m'masiku amene apatsidwa, mukhoza kupempha chigamulo iye palibe. Ku High Court, malamulo a kayendetsedwe ka milandu a 2017 amalolanso kupempha chigamulo chachangu pamene zikuonekeratu kuti wosumiridwa alibe chodzitetezera chenicheni, ndipo milandu ya macheke obwezedwa imayenerera bwino njira imeneyi. Ikapanda kuthera pamenepo, mbali ziwirizo zimayamba zakumana pamaso pa woweruza kuti ayese kuziyanjanitsa mlandu usanazengedwe.

Tsiku la mlandu pitani ndi mapepala enieni, makope ake, ndi mboni zimene zinaona ndi maso awo, osati zongomva. Ngati wangongoleyo analipirako kena kake, nenani nokha musanafunsidwe.

Chigamulo chikatuluka

Kupambana mlandu ndi gawo limodzi, kulandira ndalama ndi gawo lina. Wangongole akapanda kulipira, mumabwereranso kukhoti kukapempha chilolezo choti a sherifu alande katundu wake n'kugulitsa, kapena choti ndalama zimene zili mu akaunti yake ya ku banki, kapena zimene munthu wina ayenera kum'lipira, ziperekedwe kwa inu. Khoti likhozanso kulamula kuti azilipira pang'onopang'ono litaona mapezedwe ake. Apa cheke chija chimathandizanso, popeza chili ndi dzina la banki ndi nambala ya akaunti. N'chifukwa chake n'kwanzeru kufufuza musanasume ngati munthuyo ali ndi chilichonse cholandika, pakuti kuthamangitsa munthu wopanda kanthu kumangowonjezera chitayiko. Ngati wawolokera ku Mozambique kudzera ku Marka ndi katundu wake yense, chigamulo cha khoti la ku Malawi sichigwira ntchito chokha kumeneko, ndipo pamafunika uphungu wa loya musanawononge ndalama zina.

Ngati cheke chobwezedwacho ndi chanu

Musabisale ndipo musazimitse foni, chifukwa kuthawa ndi kumene kumasandutsa kuchedwa kulipira kuoneka ngati chinyengo. Lembani kalata yofotokoza chimene chachitika, lipirani zimene mungathe kudzera m'njira yosiya umboni, ndipo pemphani ndondomeko yolembedwa ya malipiro otsalawo. Ngati muli ndi chifukwa chenicheni chokanira, monga katundu amene sanafike kapena cheke chimene chadzazidwa ndalama zoposa zimene munagwirizana, sonkhanitsani umboni wake mwamsanga ndipo chisamani chikabwera muyankhe m'masiku amene alembedwapo, pakuti kukhala chete kumapereka chigamulo kwa mnzanuyo ngakhale mutakhala kuti simunalakwe. Mukamaliza kulipira, tengani chikalata chosainidwa chonena kuti ngongole yonse yatha, ndipo mulandirenso cheke chanu choyamba chija pamodzi ndi china chilichonse chimene munasiya ngati chikole.